Chiletso cha Khoti Sichilonga Mfumu

Tikambirane za kapepala kena kamene kayamba kufika kaŵirikaŵiri m'midzi yathu ya m'mbali mwa nyanja kuno ku Nkhotakota. Kapepalako nkochepa, nthaŵi zina masamba aŵiri okha, koma kali ndi mphamvu yozimitsa moto pa mafuwa, yotontholetsa ng'oma, ndi yobweza alendo amene ayenda ulendo wa tsiku lathunthu. Anthu amakatchula kuti chiletso cha khoti.

Zaka zingapo zapitazo, m'mudzi wina kufupi ndi kumene ife timaphunzitsa, mudakonzedwa mwambo wolonga nyakwaŵa. Mwini dzina anali atatisiya chaka chimodzi m'mbuyomo, ndipo mbumba idaloza mwana wa mlongo wake monga mwa mwambo wa Acheŵa. Amai adapuntha mpunga sabata lathunthu, thobwa lidadzaza m'migolo, mbuzi ziŵiri zidaphedwa usiku, ndipo asodzi adafika m'mamaŵa ndi chambo ndi kampango. Dzuŵa litakwera pang'ono, galimoto idaima patsinde pa mtengo wa mango. Mudatuluka mnyamata wovala tayi, nakapereka envulopu kwa mfumu yaikulu imene idabwera kudzatsogolera mwambowo. Popeza pepalalo linali la Chingerezi, adatiitana ife aphunzitsi kuti tiŵerenge ndi kumasulira. Bwalo Lalikulu la Milandu ku Lilongwe linali kuletsa mwambowo kufikira litamva dandaulo la mwana wa mfumu yomwalirayo, amene ankati ufumuwo ngwake.

Tisanamalize nkumasulira komwe, a mbali ya mwanayo adayamba kululuta nkumati khoti laŵapatsa ufumu. A mbali ya mbumba adati jaji wadya ndalama. Onsewo adaphonya, pakuti pepalalo silidapatse munthu aliyense ufumu. Koma agogo ena, amene adaphika nao usiku wonse, adatigwira mkono natifunsa kuti, "Aphunzitsi, kodi bambo wa ku Lilongweyo akudziŵa kumene kuli manda a makolo athu? Nanga wagamula bwanji mlandu ife asanatimve?" Tsiku limenelo sitidaŵayankhe bwino. Lero tiyesa kutero, chifukwa tidziŵa kuti ambiri mwa inu muli nalo funso lomweli.

Chiletso si chigamulo

Tiyambe ndi chitsanzo cha padoko. Asodzi aŵiri akamakanganirana bwato, wina nkumati ndidagula ndine, wina nkumati adandisiyira malume, mkulu wanzeru sayamba ndi kunena mwini wake. Amalamula kuti bwatolo likokeredwe kumtunda, wina asaligulitse, wina asalitengere ku doko lina, kufikira akuluakulu atakhala pansi ndi kumva mboni. Pakutero iye sadagamule kanthu. Wangosunga bwato kuti tsiku lachigamulo lidzapezeke lilipo.

Chiletso cha khoti chimagwira ntchito yomweyo. Mlandu weniweni umatenga miyezi, mwina zaka. Pa nthaŵi yonseyo zinthu zikhoza kusintha kotero kuti wopambana mlandu adzapeze palibenso chomupatsa. Nchifukwa chake woweruza ali ndi mphamvu yoimitsa zinthu pamene zili, poyembekeza kumva mbali zonse. Amene watenga chiletso sadapambane, ndipo amene waletsedwa sadagonje.

Mafunso atatu a woweruza

Woweruza sapereka chiletso kwa yense wopempha. Pali njira imene amatsata, ndipo gwero lake nlodabwitsa. M'chaka cha 1975, ku London, bwalo lalikulu la dziko la Britain lidamva mkangano wa makampani aŵiri, American Cyanamid ndi Ethicon, amene ankalimbirana umwini wa luso lopanga ulusi wosokera mabala umene umasungunuka wokha m'thupi. Pa mlandu umenewo woweruza wina, Lord Diplock, adayala mfundo zimene makhoti a maiko ambiri otsata malamulo a Chingerezi, kuphatikizapo Malaŵi, akhala akuzigwiritsa ntchito. M'chaka cha 2017 mfundozo zidalembedwa m'malamulo atsopano oyendetsera milandu ya pakati pa anthu m'Bwalo Lalikulu lathu. Motero mlandu wa ulusi wa kuchipatala ndiwo umaunikira woweruza pamene akuganiza za ufumu wa m'mudzi wa asodzi.

Funso loyamba ndi lakuti, kodi pali nkhani yeniyeni yoti khoti liimve? Pano woweruza safuna kudziŵa amene adzapambane. Angofuna kuona ngati dandaulolo lili ndi tsinde, kapena ndi dumbo chabe. Munthu wosachokera m'banja lachifumu konse, amene angodana ndi wosankhidwayo, agwa pa funso lomweli. Koma amene akunena kuti m'mudzimo mabanja atatu amasinthana ufumu, ndipo banja lake lalumphidwa, ali ndi nkhani yoyenera kumvedwa, ngakhale pambuyo pake adzapezeke wolakwa.

Funso lachiŵiri ndi lakuti, ngati wodandaulayo adzapambana, kodi ndalama zingakwanire kumubwezera zimene wataya? Munthu akakuswerani bwato, ndalama zigula lina, ndipo chiletso sichifunika kwenikweni. Koma ufumu ulibe mtengo wake pamsika. Munthu akalongedwa, nalangizidwa ndi ntchembere, naloŵa dzina, nayamba kugaŵa minda ndi kuweruza milandu, kumtsitsa pambuyo pake kumang'amba mudzi. Nchifukwa chake pa milandu ya maudindo oweruza amaona kaŵirikaŵiri kuti ndalama sizingakonze choonongekacho.

Funso lachitatu ndi lakuti, kodi chilungamo chikufuna chiyani pakali pano? Woweruza amaika pa sikelo zovuta za mbali zonse: adzapwetekedwa kwambiri ndani, wopemphayo chiletso chikakanidwa, kapena woletsedwayo chikaperekedwa? Sikelo ikalingana, kaŵirikaŵiri amasiya zinthu monga zinaliri mkangano usanabuke. Pa udindo wotumikira anthu palinso mbali yachitatu imene siimirira m'khoti, ndiyo anthu otumikiridwawo. Khansala, mwachitsanzo, amasankhidwa kwa zaka 5. Chiletso chomuimitsa chikakhala zaka 3, chadya kale gawo lalikulu la nthaŵi imene anthu adampatsa, ndipo ngakhale adzapambane zakazo sizibwerera. Woweruza wanzeru amakumbukira zimenezi, namangirira chiletso chake ku tsiku lodziŵika lomvera mlandu.

Kumva mbali imodzi

Tsopano tifike pa chimene chidaŵaŵa agogo aja. Nzoona kuti woweruza adapereka chiletso chija asanamve a mbumba. Lamulo limalola zimenezi pamene nkhani ili yachangu, monga ngati mwambo uli maŵa ndipo palibe nthaŵi yoitana onse. Loya amapita yekha ndi chikalata chimene wodandaula walumbirira, woweruza naŵerenga, nasaina.

Koma mwai umenewu uli ndi zingwe zake. Choyamba, wopemphayo ayenera kuulula zoona zonse, ngakhale zimene zikumtsutsa iye mwini. Ngati adakhala nao pa msonkhano wa mbumba navomereza dzina la mnzake, ayenera kunena. Akabisa, ndipo zikadziŵika, khoti likhoza kuchotsa chiletsocho pa chifukwa cha kubisako kokha. Chachiŵiri, wopemphayo amalonjeza kuti akadzapezeka kuti adaletsa mnzake popanda chifukwa, adzalipira zimene mnzakeyo wataya. Mbuzi zija ndi mpunga uja zikhoza kudzaŵerengedwa. Chachitatu, chiletso chotere nchoyembekezera chabe: woletsedwayo ali ndi ufulu wopita kukhoti komweko kukafotokoza mbali yake ndi kupempha kuti chichotsedwe. Ndiponso wozengereza sakondweretsa khoti. Amene adadziŵa za mwambo miyezi itatu m'mbuyomo, nadikira dala kuti thobwa lipse, ayenera kufotokoza chimene adachedwera.

Tionjeze mau amodzi ochenjeza. Chiletso chikafika m'manja mwanu, chiyenera kumveredwa, ngakhale mukhale otsimikiza kuti chidatengedwa mwa bodza. Kuching'amba, kapena kulonga mfumu usiku mobisa, ndiko kunyoza khoti, ndipo mlandu umenewo umatha kufikitsa munthu kundende. Njira yochotsera chiletso ili kukhoti komwe chidachokera.

Ufumu udafika bwanji kukhoti?

Ife amene tidakula m'nthaŵi ya Dr. Kamuzu Banda sitikumbukira kuti tidaonapo pepala lotere m'mudzi. Masiku amenewo boma likanena, nkhani inkathera pomwepo, ndipo munthu wotsutsa ankadziŵa kumene angakagone. Bata limenelo linali ndi mantha m'kati mwake, ndipo mabanja ena amene adalandidwa ufumu adangosunga chilonda mumtima. Malamulo aakulu a dziko a 1994 adasintha zinthu. Gawo 41 lidapatsa munthu aliyense ufulu wopita kukhoti kukafuna chilungamo, ndipo gawo 43 lidati akuluakulu a boma pogamula zokhudza munthu ayenera kutsata lamulo, kuchita mwachilungamo, ndi kupereka zifukwa zao polemba.

Nalonso Lamulo la Mafumu la 1967 lili ndi mau ake. Limati mtsogoleri wa dziko asanavomereze munthu kukhala mfumu yaikulu, ayenera kukhutira kuti munthuyo ngoyenera monga mwa mwambo wa kumaloko, ndiponso kuti anthu ambiri a m'deralo akumfuna. Magulupu ndi anyakwaŵa amaikidwa ndi mfumu yaikulu ya dera lao. Tsono onani kuti khoti silibwera ndi mwambo wakewake kuchokera ku Lilongwe. Limafunsa kuti mwambo wa eni ake ukuti chiyani, ndipo ngati udatsatidwa. Amene amayankha funso limenelo ndi mboni zochokera m'mudzi momwemo. Kwa agogo aja tikadayenera kunena kuti jaji sadziŵadi manda a makolo, ndipo nchifukwa chake adzafuna kumva kwa iwo.

Nanga bwanji mikanganoyi yachuluka? Chifukwa china nchakuti miyambo yathu yasakanizika. Kuno ku Nkhotakota, m'madera a mafumu monga Malengachanzi, Kanyenda, Mwadzama, Mphonde, Mwansambo ndi Kafuzira, mukhala Acheŵa, Atonga, Ayao ndi zidzukulu za anthu amene adafika m'masiku a Jumbe. Mabanja akwatirana, ndipo abambo ambiri masiku ano amafuna kusiyira ana ao obereka zimene kale zinkapita kwa ana a alongo ao. Chifukwa china ndi chuma. Ufumu uli ndi mswahala wochokera ku boma, uli ndi chidindo, ndipo uli ndi mau pa malo. Pamene nzimbe za ku Dwangwa, madambo a mpunga a m'mbali mwa Bua ndi mchenga wa kunyanja zasanduka ndalama, mpando umene kale anthu ankauthaŵa poopa milandu ya eni ake lero ukulimbiranidwa.

Zimene dziko laona

Ziletso zagwedezanso mipando yaikulu. M'chaka cha 2007, Bwalo la Apilo litatsimikiza kuti gawo 65 la malamulo aakulu, lokhudza aphungu osintha chipani, nlovomerezeka, aphungu ambiri adathamangira kukhoti natenga chiletso choimitsa Sipikala Louis Chimango kuti asaŵachotse, ndipo mkanganowo udachedwetsa ndondomeko ya chuma cha dziko. M'chaka cha 2011 boma la Bingu wa Mutharika, litatopa ndi ziletso, lidakhazikitsa lamulo loti khoti lisaletse boma kanthu lisanayambe lamva mbali ya bomalo. Anthu ambiri adaona kuti lamulolo likulanda munthu wamba chishango chake, ndipo lidachotsedwa mu 2012 m'nthaŵi ya Mai Joyce Banda. Koma pa 24 May 2014, Mai Banda omwewo atalengeza kuti akuthetsa chisankho cha pa 20 May, khoti lidaŵaletsa, ndipo kuŵerenga mavoti kudapitirira.

Chitsanzo chophunzitsa koposa ndi cha 2019. Pa 25 May chipani cha Malawi Congress chidatenga chiletso choimitsa kulengeza zotsatira za chisankho cha mtsogoleri wa dziko. Pa 27 May khoti lidachichotsa, ndipo Peter Mutharika adalengezedwa kuti wapambana. Wina akadati odandaulawo agonja kotheratu. Koma mlandu weniweni utamvedwa, pa 3 February 2020 oweruza asanu adathetsa chisankhocho, ndipo china chidachitika pa 23 June 2020. Odandaulawo adataya chiletso, napambana mlandu. Zosiyana nazo zimachitikanso: munthu amatenga chiletso, navina, pambuyo pake nagonja.

Pa za ufumu, taonani za ku Rumphi. Themba la Mathemba Chikulamayembe, Walter Gondwe, atamwalira mu 2018, mwana wao Mtima Gondwe adalongedwa mu 2019, pamene mabanja ena achifumu ankati ufumuwo umayenda mosinthana. Nkhaniyo idafika ku Bwalo Lalikulu ku Mzuzu, limene lidathetsa kulongedwako, ndipo mu 2022 adalongedwa Joseph Bongololo Gondwe. Zaka pafupifupi 4 zidapita Atumbuka ali ogaŵikana pa mpando wao waukulu. Kutsitsa munthu wolongedwa kale kudasiya mabala ambiri, ndipo mabala otere ndiwo amene chiletso chimayesa kutchinga.

Mtengo umene mudzi umalipira

Komabe tisabise kuipa kwake. Chiletso chidapangidwa kuti chikhale cha kanthaŵi, koma m'dziko mwathu oweruza ngochepa, milandu njochuluka, ndipo ena akatenga chiletso safunanso kuti mlandu umvedwe, popeza apeza kale chimene ankafuna, ndicho kutsekereza mnzao.

M'mudzi uja mudapita zaka ziŵiri mopanda mwini. Ife tidaziona ndi maso pasukulu. Makolo adaumba njerwa zomangira chipinda cha Sitandade 3, koma panalibe woitana anthu kuti adzaotche, popeza aliyense woitana ankaoneka ngati wadziika yekha pampando. Njerwazo zidasungunuka ndi mvula yoyamba. Anyamata amene kale nyakwaŵa inkaŵathamangitsa padoko nthaŵi ya sukulu adabwerera kukakoka makoka. Mai wamasiye wofuna kalata ya mfumu adayenda kwa gulupu katatu osathandizidwa, chifukwa gulupuyo ankaopa kutchulidwa m'khoti. Pa maliro ena mudaimirira anthu aŵiri kuti alankhule m'malo mwa mfumu, anamfedwa nkusoŵa choyankha. Akulu adanena kale kuti atambala aŵiri salira m'khola limodzi. Ndalama nazo zidatha: ulendo wa ku Lilongwe kudzera ku Salima ndi wa makilomita pafupifupi 200, ndipo banja lina lidagulitsa chilimira kuti lilipire loya, nkumakangomva kuti mlandu waimitsidwa kufikira tsiku lina.

Tikafuna kudziŵa kufunika kwa mfumu yosakanganiridwa, tiyang'ane kwa anansi athu ku Salima. Pa chilumba cha Mbenji, kuyambira m'zaka za m'ma 1950, ufumu wa Makanjira wakhala ukutseka usodzi m'nyengo ya dzinja kuti nsomba ziswane, ndipo asodzi amamvera. Lamulo lotere limaima pa ulemu umene anthu ali nao kwa mpandowo. Mpando ukakhala m'khoti, ndani angatseke nyanja namvedwa?

Malangizo athu

Kwa inu a mbumba, amai ndi amalume, tikuti musadikire maliro kuti muyambe kukumbutsana mzere wa ufumu. Khalani pansi mfumu ikali moyo, mufotokoze m'mene dzina layendera kuyambira kwa makolo, ndipo wina alembe m'buku, mboni zisaine. Pa tsiku losankha itanani mabanja onse oyenera, ngakhale amene mukudziŵa kuti adzatsutsa. Milandu yambiri imayamba ndi munthu amene sadaitanidwe. Lembani tsiku, maina a amene adabwera ndi zimene zidagwirizanidwa, ndipo makalata apite kwa mfumu yaikulu ndi kwa bwanamkubwa. Kope la ndalama zochepa likhoza kupulumutsa chilimira.

Kwa inu amene mukuona kuti mwalumphidwa, ufulu wopita kukhoti ngwanu, ndipo palibe woyenera kukunyozani chifukwa cha zimenezo. Koma yambani mwadandaula kwa akuluakulu, ndipo mukapita kukhoti, pitani msanga, nenani zoona zonse, ndipo mukalandira chiletso mukakamize loya wanu kuti mlandu umvedwe. Kukhalira chiletso zaka ndi zaka ndiko kulanga mudzi umene mukuti mufuna kuulamulira.

Kwa inu oletsedwa, ugwireni mtima. Musamenye wobweretsa pepala, pakuti iye ngotumidwa. Funani wokuŵerengerani bwino, onani tsiku limene lalembedwamo, ndipo ngati loya simungamkwanitse, kafunseni ku ofesi ya boma yothandiza osauka pa milandu. Pemphaninso kuti mbali zonse zivomerezane za munthu wogwirizira mudzi, amene alibe chiyembekezo cha mpandowo, kuti maliro, sukulu ndi chidindo zisaime.

Kwa olemekezeka oweruza, ife anthu wamba tingopempha mwaulemu kuti pamene musaina pepala loimitsa udindo, muikemo tsiku lapafupi lomvera mbali zonse, ndipo milandu yotere muziitsogoza. Kumbuyo kwa maina aŵiri olembedwa pa chikutocho kuli mudzi wathunthu woyembekeza.

Mudzi uja, pomaliza, sudadikire chigamulo. Atatopa onse, ntchembere za mbali zonse ziŵiri zidakumana, zidakumbutsana kuti olimbanawo ndi asuweni oyamwa m'mudzi umodzi, ndipo zidagwirizana. Maloya adakauza khoti za mgwirizanowo, chiletso chidachotsedwa, ndipo mwana wa mlongo uja adalongedwa, msuweni wake nakhala nduna yake. Agogo aja sadauone mwambowo, pakuti adatisiya miyezi inai usanachitike. Chipinda cha Sitandade 3 chidamangidwa chaka chotsatira, ndi njerwa zoumbanso kachiŵiri.